Mandasi a Idi ku Lungwena

Mwezi ukaoneka kumapeto kwa Ramazani, midzi ya ku Lungwena sigona msanga. Lungwena ndi dera la kum'mawa kwa nyanja ya Malawi m'boma la Mangochi, pamsewu wolowera kwa Makanjila, ndipo ambiri mwa anthu ake ndi Ayao a chipembedzo cha Chisilamu. Usiku umenewo amayi amakanda ufa wa tirigu m'beseni, kuthiramo shuga, mchere ndi yisiti, n'kuvundikira kuti ufufume. Pamene tambala woyamba akulira, mafuta amakhala akuwira kale pambaula. Amene alibe tirigu amafinya nthochi zakupsa n'kusakaniza ndi ufa wa chimanga kuti akazinge zitumbuwa, kapenanso kuphika chigumu mumphika wa makala kunsi, makala pachivundikiro. Anthu pochokera kokaswali amapeza mbale zadzaza, ndipo ana amayamba kuzungulira nazo kwa achibale ndi anansi.

Mwana wobadwira kumeneko angaganize kuti zakudya zimenezi n'zamakolo kuyambira kalekale. Koma maina ake enieniwo amaulula kumene zidachokera. Mawu akuti mandasi adachokera ku Chiswahili, kumene amati maandazi. Zitumbuwa ndi vitumbua. Ndipo futali, chakudya cha mbatata kapena chinangwa chotendera nsinjiro, ndi futari, kutanthauza chakudya chomasulira kusala dzuwa likalowa. Lero Mkhristu wa ku Dedza amadya futali m'mawa osadziwa n'komwe kuti dzinalo lidabadwira m'mwezi wa Ramazani.

Njira imene mawuwa adadzera ndi ya malonda. Kwa zaka zambiri Ayao ankayenda maulendo ataliatali kuchokera kum'mawa kwa nyanja kukafika ku Kilwa, kugombe la nyanja yamchere ya India. Popita ankasenza minyanga ya njovu, ndipo m'zaka za m'ma 1800 ankakusanso akapolo. Pobwera ankatenga nsalu, mikanda, mfuti ndi wonga. David Livingstone atafika kwa Mataka m'chaka cha 1866 adapeza anthu akumanga nyumba ndi kuvala motsanzira a kugombe. Cha m'ma 1870 mfumu Makanjila idalowa Chisilamu, ndipo mafumu ena a Chiyao adatsatira. Alembi ndi aphunzitsi a Chiswahili amene ankakhala m'mabwalo a mafumuwa sadabwere ndi Korani yokha ayi. Adabweranso ndi kalendala yoyendera mwezi, kusala, chikondwerero cha Idi ndi kaphikidwe kake. N'chinthu chowawa kuchivomereza, komabe n'choona, kuti njira imene idabweretsa zakudya zotsekemerazi ndi yomweyo imene anthu zikwizikwi adadutsamo ali m'magoli, osabwereranso.

Njirayo idatsekedwa ndi mfuti. Harry Johnston adamanga linga la Fort Johnston m'chaka cha 1891 moyang'anana ndi mudzi wa Mponda, ndipo kumapeto kwa chaka chomwecho kapitao wake, Cecil Maguire, adaphedwa polimbana ndi ankhondo a Makanjila. Pofika 1895 mphamvu za mafumu ogulitsa akapolo m'derali zidali zitathyoka. Chisilamu chokha sichidathyoke, m'malo mwake chidafalikira koposa kale, pamene mashehe monga Abdallah bin Haji Mkwanda ndi Thabit bin Muhammad Ngaunje ankaphunzitsa m'midzi ya m'mbali mwa nyanja.

Kaphikidwe nako kadasintha malinga ndi zimene nthaka ya kuno imabereka. Kugombe vitumbua amapangira ufa wa mpunga ndi mkaka wa kokonati. Kuno ufa wa chimanga ndi nthochi zidatenga malo. Chimanga chomwecho, mtedza ndi chinangwa n'zobwera, pakuti kwawo ndi ku America. Shuga adayamba kupezeka mosavuta minda ya nzimbe itatsegulidwa ku Nchalo m'zaka za m'ma 1960 ndi ku Dwangwa m'zaka za m'ma 1970. Tirigu yekha ndiye adakana kuzolowera: amalimidwa pang'ono chabe kumapiri a Neno ndi Tsangano, wambiri amagulidwa kunja. N'chifukwa chake nkhondo ya ku Ukraine itabuka m'chaka cha 2022, ndiponso ndalama ya kwacha itatsitsidwa mphamvu ndi 44 peresenti mu Novembala 2023, mayi wa ku Lungwena adazimva pogula ufa wa mandasi.

Mwambo wophika zotsekemera potsatira mwezi si wa Ayao okha. Ku China chaka chatsopano chimayamba ndi mwezi watsopano, pakati pa 21 Januwale ndi 20 Febuluwale, ndipo mabanja ambiri, makamaka a kum'mwera kwa dzikolo ndi amene adasamukira kunja, amakonza mabisiketi a mtedza wa alimondi. Amakhala obulungira ndi ofiirira ngati ndalama yachitsulo, motero amawayesa chizindikiro cha mwayi. Asilamu a mtundu wa Hui m'dziko lomwelo amakazinga mikate ya tirigu yotchedwa youxiang patsiku la Idi n'kumagawira anansi, monga momwe amachitira a ku Mangochi. Kusiyana kwake n'kwakuti kalendala ya Atchaina imawonjezera mwezi m'zaka zina kuti chikondwerero chisachoke m'nyengo yake, pamene ya Chisilamu siwonjezera.

Kusiyana kumeneku n'kwakukulu kwa mlimi. Idi imafulumira ndi masiku pafupifupi 11 chaka chilichonse, ndipo imazungulira nyengo zonse m'zaka 33. Ikagwa m'masika, nkhokwe zili tho, mpunga ndi nkhuku sizisowa. Ikagwa m'dzinja, chimanga chili m'munda ndipo chakale chidatha, chikondwerero chimasanduka mayeso. Tsikuli lidakhala tchuthi cha dziko lonse mu ulamuliro wa Bakili Muluzi, amene adasankhidwa m'chaka cha 1994, koma zaka zimenezo n'zomwe Idi inkagwa m'miyezi ya njala: mu Febuluwale 1997, mu Januwale 1999, ndi mu Disembala 2001, kutangotsala miyezi iwiri kuti boma lilengeze kuti dziko lili pangozi ya njala.

M'nyengo yotere lamulo la zaka ya Idi limaoneka kulemera kwake. Mutu wa banja aliyense amene ali ndi chotsala ayenera kupereka muyezo wa chakudya m'malo mwa munthu aliyense wa pakhomo pake, ngakhale khanda, mapemphero asanayambe, kuti wamasiye ndi wosauka asagone ndi njala anzawo akusangalala. Kugombe muyezowo umakhala wa mpunga kapena tende. Ku Lungwena kawirikawiri umakhala wa chimanga. M'chaka cha 2025 Idi idagwa kumapeto kwa Malichi, anthu akudya mondokwa. Pofika 2031 idzakhala itabwereranso mu Januwale.