Kukumbukira Jakobo, woponya funso

Lolemba pa 2 Ogasiti 2021, mliri wa Covid-19 uli pachimake, Eric Mabedi anamwalira pachipatala cha Mwaiwathu mumzinda wa Blantyre. M'maminibasi a ku Ndirande ndi ku Bangwe uthenga unkayenda mwachidule: Jakobo wapita, wamutsatira Izeki. Pasiteji Mabedi ndiye anali Jakobo, ndipo mnzake John Nyanga, amene anali Izeki, anali atatsogola kale mu Meyi 2016. Ogasiti akafika, anthu amatumizirana timavidiyo ta awiriwa pa WhatsApp n'kumaseka ngati kuti ndi zadzulo. Kusekako n'koyenera, koma kumabisa ntchito imene Mabedi ankagwira.

Mwa awiriwo, amene ankaswetsa anthu nthiti anali Izeki. Ankangotulukira, kutong'ola maso, asanatsegule n'komwe pakamwa holo yonse ili gwedegwede. Koma aliyense amene anayesapo kulemba sewero la anthu awiri akudziwa kuti nthabwala siyenda yokha. Pamafunika wina woponya funso pa nthawi yake, wodziwa kudikira mpaka phokoso la kuseka litatsika, wobweza nkhani pamzere mnzake akaisocheretsa dala. Zili ngati anthu awiri akusinja mumtondo umodzi: wina akakweza musi, mnzake atsitse, apo ayi misi igundana. Ameneyo anali Jakobo. Ankadzionetsa ngati wanzeru, wodziwa za m'tauni, woti amuwongole Izeki, ndipo omvera ankadziwiratu kuti nzeru zakezo zimuthera posachedwa. Kuvomera kugonja chonchi sewero lililonse, kuti mnzako awale, si aliyense angakwanitse. Asangalatsi ambiri a lero amafuna onse akhale Izeki, n'chifukwa chake timasewero tawo timangokhala kukuwizana.

Awiriwa anakulira mu Kwathu Drama Group, gulu limene linayamba cha kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1980. Nthawi imeneyo zisudzo zolemekezeka zinali za Chingerezi. Ana a sekondale ankapikisana pa mpikisano wa zisudzo wa bungwe la ATEM m'Chingerezi, ndipo Du Chisiza Jr, amene anayambitsa Wakhumbata Ensemble Theatre mu 1987, ankadzaza maholo ndi masewero amene ambiri mwa iwo anali a m'chiyankhulo chomwecho. A Kwathu anasankha Chichewa cha pamsika ndi cha pamaliro, nkhani zake za lendi, za chuma cha masiye, za mwamuna wobisa malipiro, za mlamu wobwera kudzacheza sabata imodzi n'kutha chaka. Unali ulamuliro wa Kamuzu Banda, sewero lisanaonetsedwe linkayenera kudutsa ku Censorship Board, choncho wolemba ankaphunzira kunena chinthu mozungulira, omvera n'kumva okha. Luso limeneli linawathandiza ngakhale ufulu woyankhula utabwera mu 1994.

Bwalo lawo lenileni linali French Cultural Centre, pafupi ndi Chichiri. Lamlungu masana anthu ankachokera ku Zingwangwa, ku Chilomoni, ku Machinjiri, ena atangotuluka m'tchalitchi jekete lili pathupi, ana ali pambuyo. Malowa anatsekedwa mu 2011, kenako anasakazidwa ndi akuba asanayambe kudziwika ndi dzina la Blantyre Cultural Centre.

Kanema anabwera mochedwa m'dziko muno. Television Malawi (TVM) inayamba kuulutsa pa 1 Epulo 1999 kuchokera ku situdiyo zake za ku Kwacha, patangopita milungu yochepa Du Chisiza atamwalira mu Febuluwale chaka chomwecho. Wailesi ya kanema yatsopanoyo inali ndi njala ya mapulogalamu a kwathu kuno, ndipo Izeki ndi Jakobo, pamodzi ndi Tikuferanji ya Michael Usi, anali m'gulu la zimene zinapangitsa anthu kumva kuti kanemayo ndi wawo. M'makomboni TV inali ya nyumba imodzi pa mzere wonse. Mlongoti unkamangidwa kunsonga ya nsungwi, mnyamata ali panja kuupotoza, a m'nyumba akukuwa kuti "Basi, pomwepo!" Pampando pali bambo ndi mayi a nyumbayo, pamphasa ana a maneba, pakhomo apongozi amene abwera kuchokera kumudzi kudzaonana ndi dokotala kuchipatala cha Queens.

Kulembera chipinda ngati chimenecho n'kovuta kuposa kulembera anyamata a kumowa. Mawu amodzi otukwana, mayi azimitsa TV. Nthabwala ikakhala yachibwana, bambo atuluka. Iyenera kukhala yoti mwana aseke kugwa kwa Izeki, wamkulu aseke chimene chanenedwa mobisa, mkamwini ndi apongozi ake aseke onse popanda wina kuyang'ana pansi. Ine ndimaona kuti apa ndi pamene panagona ukatswiri wa Mabedi ndi Nyanga, ndipo n'chifukwa chake makampani ndi mabungwe ankawafuna akakhala ndi uthenga woti ufike pabanja lonse.

Kuseri kwa siteji Mabedi ndiye ankatsogolera Kwathu kwa zaka zambiri. Kutsogolera gulu la zisudzo ku Malawi kumatanthauza kusaka holo, kupeza galimoto yopita ku Lilongwe ndi ku Mzuzu, kumata mapositala, kuwerenga za pakhomo n'kuzigawa mosakhumudwitsa munthu. Magulu ambiri anagawikana pa ndalama za pakhomo zomwezi. Kwathu inadutsa zaka makumi anayi. Izeki atamwalira, Mabedi sanasiye, anapitiriza kukwera pasiteji ndi anzake a m'gululo.

Chimene chimandiwawa n'chakuti ntchito yambiri ya awiriwa inafalikira kudzera m'ma CD okopera a m'misika ya Limbe ndi Blantyre, eni ake osaonapo kanthu, ngakhale kuti bungwe la COSOMA, loteteza ntchito za aluso, lilipo kuyambira 1992. Lero zomwe zikuyenda m'mafoni ndi zidutswa, zithunzi zosaoneka bwino, zopanda chaka, zopanda dzina la wolemba kapena wojambula. TVM inaphatikizidwa ndi MBC, ndiye matepi a zaka zoyambirira zija, amene akadalipo, ayenera kusamutsidwira pa kompyuta asanaonongeke, makope ake n'kukasungidwa ku National Archives ku Zomba, mabanja a Mabedi ndi Nyanga n'kulandira gawo lawo nthawi iliyonse masewerowo akaulutsidwa.