Kuseka m'busa wachinyengo kudayamba kale

Sabata yatha mu minibasi ya ku Ndirande, kondakitala wina ankatsanzira mneneri wogulitsa mafuta odzozera. Tonse tidafa nazo nseko, koma mayi wina adakalipa kuti ana a masiku ano tatha ulemu. Ndidafuna kuwauza kuti nseko imeneyi si ya lero, ili ndi agogo ake.

Mishoni ya Blantyre idakhazikitsidwa mu 1876 ndi mpingo wa Church of Scotland, m'munsi mwa phiri la Ndirande lomweli. Pasanathe zaka zinayi, anthu amene adabwera kudzalalikira chikhululuko anali atasanduka oweruza. Ankakwapula oganiziridwa kuba, wina mpaka adafa ndi zikoti, ndipo mu 1879 adawombera munthu amene ankamuganizira kuti wapha mayi wina. Mlendo wa ku Australia, Andrew Chirnside, adaulula zonsezi m'kabuku kake mu 1880, ndipo mtsogoleri wa mishoni, Duff Macdonald, adachotsedwa ntchito mu 1881.

Makolo athu analibe nyuzipepala yoyankhira, koma anali ndi bwalo. Ku Mua, kumene ansembe achikatolika adafika mu 1902, mkangano wa mishoni ndi Nyau udakula m'zaka za m'ma 1920. Gule Wamkulu adatenga mayina a m'Baibulo n'kuwapatsa zilombo. Kudatuluka Maria, kudatulukanso Simoni wa nkhope yofiira ngati mzungu wopsa ndi dzuwa. Mlendo woletsa gule adapezeka akuvinidwa pamaso pa mudzi wonse.

M'zaka za m'ma 1970, m'makomboni a Blantyre mudabuka alaliki achinyamata obadwa mwatsopano. Ankadzudzula akuluakulu a mipingo kuti masana ali pa guwa, usiku ali kwa sing'anga. Lero matenti a aneneri ali ponseponse ku Bangwe ndi ku Machinjiri, ndipo ena mwa iwo safuna kufunsidwa za chakhumi. Ukafunsa, akuti wanyoza wodzozedwa.

Sindikunena kuti chikhulupiriro n'choseketsa. John Nyanga, Izeki wa gulu la Kwathu amene adatisiya mu 2016, adaseketsa dziko lonse, pambuyo pake n'kukhala m'busa. Chimene chimasekedwa ndi kusiyana kwa ulaliki ndi zochita. Mayi wa mu minibasi uja akamachotsa ndalama ya ufa kukagula botolo la mafuta, kondakitala amene akuseka mneneriyo ndiye ali kumbali yawo.