Mankhwala a likodzo: kuchokera m'mbale ya labotale kufika kwa mwana

Piritsi la praziquantel ndi lalikulu, la mamiligalamu 600, ndipo limawawa koopsa. Pa kampeni ya likodzo m'sukulu, mwana amaimikidwa pa ndodo yolembedwa mizere, mlangizi wa zaumoyo n'kuwerenga pamene mutu walekezera kuti adziwe mapiritsi oti amupatse. Mlingo weniweni ndi mamiligalamu 40 pa kilogalamu iliyonse ya thupi, koma sikelo sipezeka paliponse. Mankhwalawa anapangidwa ku Germany m'zaka za m'ma 1970 ndi makampani a Bayer ndi Merck, ndipo mpaka lero ndiwo tikudalira. Ali ndi zofooka ziwiri. Sapha bwino nyongolotsi zimene zangolowa kumene m'thupi. Komanso kamwana ka zaka ziwiri kamene kamasewera m'madzi ku Mangochi amayi ake akuchapa sikangameze piritsi lotere.

Akatswiri akamakamba za vuto lachiwirili amatchula zilembo ziwiri, R ndi S. M'piritsi muja muli mitundu iwiri ya mankhwala omwewo, yofanana ngati dzanja lamanja ndi lamanzere: zala n'zomwezo, koma kaimidwe n'kosiyana. Mtundu wa R ndi umene umapha nyongolotsi, pomwe wa S umangowonjezera kuwawa. Atachotsa S anapeza arpraziquantel, kapiritsi ka mamiligalamu 150 kosungunuka m'madzi, ka ana a miyezi 3 mpaka zaka 6.

Kunena n'kosavuta, koma ntchitoyi inayamba mu 2012, ndipo bungwe loona za mankhwala ku Europe linavomereza kapiritsiko mu December 2023. Pakati pa zakazi panali magawo atatu a kafukufuku. Loyamba limaona ngati mankhwala sakuvulaza, pa akuluakulu ochepa athanzi. Lachiwiri limafufuza mlingo woyenera pa odwala. Lachitatu, limene linachitikira ku Kenya ndi ku Côte d'Ivoire, limatsimikizira kuti akuchizadi. Ndipo "kuchiza" kumeneku n'kowerenga: amasefa mamililita 10 a mkodzo, kapena kupaka chimbudzi pagalasi, n'kuwerenga mazira pa maikulosikopu asanapereke mankhwala ndiponso patapita masabata angapo. Mazira akatheratu amati wachira; akangochepa amalemba kuti achepa ndi maperesenti angati. Ziwerengero ziwirizi sizifanana, ndipo wofuna kutamanda mankhwala ake amasankha chokoma.

Pofunafuna mankhwala ena a likodzo, ena ayang'ananso ku malalanje. Nanga malalanjewo akulowa pati? Finyani khoko la lalanje pafupi ndi kandulo, muona timadontho tikuthetheka. Amenewo ndi mafuta onunkhira, ndipo pafupifupi magawo 9 pa 10 aliwonse ndi limonene, nayenso wa mtundu wa R (wa S amanunkhira mopita ku paini). Mafutawa ali ndi ntchito zodziwika: amakometsa zakumwa, amanunkhiritsa sopo, amasungunula girisi ndi guluu, ndipo a chipatso cha bergamot cha ku Italy ndi amene amapereka fungo la tiyi wa Earl Grey.

Ofufuza ayesanso mafuta a zomera otere pa nyongolotsi za likodzo ndi pa nkhono zimene zimazisunga. Apa m'pofunika kuwerenga mosamala. Lipoti likati "in vitro", ndiye kuti nyongolotsi inafera m'mbale, pamene kunalibe chiwindi choti chiphwanye mankhwalawo kapena impso zoti ziwatulutse. Likati "in vivo", kawirikawiri akunena mbewa za m'labotale. Ine ndimaona kuti otsatsa mafutawa amadumphira dala mawu awiriwa. Palibe mafuta a lalanje kapena a ndimu amene anavomerezedwa kuchiza likodzo pa munthu. Ndiponso si ofatsa monga fungo lawo likunamizira: osasungunula amayabwa pakhungu, ndipo a bergamot, mukadzola n'kupita padzuwa, amatha kukuwotchani mpaka kutuluka matuza.