Zokongoletsera Zadothi Zocokera Kunja: Cimene Cimakweza Mtengo Wake ku Petauke ndi ku Nyimba

M'masitolo ndi m'misika ya ku Petauke ndi ku Nyimba, m'cigawo ca kum'mawa, muli katundu wina amene sadyedwa, savalidwa, ndipo alibe nchito ina koma kukongoletsa nyumba. Katundu ameneyu ndi timiphika toikamo maluwa, tinjovu, tiagalu, tinkhunda, angelo, ndiponso mbale zojambulidwa zimene anthu amakhazika m'kabati ya magalasi kapena pambali pa wailesi ya kanema. Zambiri mwa zinthuzi zimacokera kunja kwa dziko lino, makamaka ku China. Mtengo wake sukhazikika, ndipo cimene cimausuntha kwenikweni si dothi limene anaumbira ai, koma mphamvu ya kwacha, msonkho wa pamalire ndi kutalika kwa ulendo.

Katundu wake ndi wotani

M'buku la misonkho limene maiko ambiri amagwiritsa nchito, kuphatikizapo bungwe la Zambia Revenue Authority (ZRA), zokongoletsera zadothi zili ndi nambala yakeyake, 6913. Mbale ndi makapu odyeramo zili pa nambala zina, 6911 ndi 6912. Ciwerengero ca katundu wolowa cimalembedwa pa zipata za pamalire m'dzina la dziko lonse, osati boma ndi boma. Motero kabokosi ka tinjovu kamene kafika ku Nyimba kanawerengedwa kale pa cipata pamene kanalowera.

Nambala 6913 amaigawa pawiri. Gawo loyamba ndi la zinthu za dothi loyera, lochedwa kaolin, zimene amaziwocha mu uvuni pa moto wa madigiri 1,200 mpaka 1,400. Zoterezi zimalimba ngati galasi, sizimwa madzi, ndipo ukazigogoda ndi cala zimalira ngati belu. Gawo laciwiri ndi la dothi wamba lowochedwa pa moto woceperapo, kenaka nkulipaka utoto wonyezimira. Dzina lakuti kaolin linacokera ku phiri la Gaoling, pafupi ndi mzinda wa Jingdezhen ku China, kumene akhala akuumba zinthu zotere kwa zaka zoposa 1,000. Mizinda ina yochuka pa nchitoyi ndi Dehua ndi Chaozhou. Amalonda a ku Africa kuno amakaoda katunduyu makamaka ku misika yaikulu ya ku Yiwu ndi ku Guangzhou.

Mmene malonda ameneŵa anakulira

Katundu wakutali si wacilendo m'dera la mtsinje wa Luangwa. M'zaka za m'ma 1700 Apwitikizi anali ndi misika ku Zumbo ndi ku Feira, kumene tsopano ndi ku Luangwa, ndipo mikanda ndi nsalu zinali kulowa m'dziko la Ansenga posinthana ndi minyanga ya njovu. M'nthawi ya atsamunda, amuna obwerera kucokera ku nchito za ku Halale ndi ku migodi ya mkuwa anali kubwera ndi mbale zacitsulo ndi makapu, ndipo masitolo a amwenye anafalitsa ziwiya zomwezo m'midzi.

Dziko litalandira ufulu mu 1964, ndipo makamaka pambuyo pa kusintha kwa zacuma kumene mtsogoleri Kenneth Kaunda analengeza ku Mulungushi mu 1968, boma linafuna kuti zinthu zambiri zizipangidwa konkuno. Ku Kitwe kunali kampani ya boma ya Zambia Ceramics, ndipo ku Lusaka anthu anali kudziwa ziwiya za Moore Pottery. M'zaka za m'ma 1980 ndalama zakunja zinasowa kwambiri. Munthu wofuna kuitanitsa katundu anafunika cilolezo, ndipo ndalama zocepa zimene zinalipo zinali kupita ku mafuta, mankhwala ndi zitsulo za makina. Kanjovu kadothi kanali ka anthu owerengeka okha.

Zinthu zinasintha boma la Frederick Chiluba litalowa mu 1991. Malamulo oletsa kugula ndi kugulitsa ndalama zakunja anacotsedwa mu 1994, caka comwe ZRA inayamba nchito, ndipo makampani ambiri a boma anagulitsidwa kapena kutsekedwa. Khomo limene linalowetsa salaula ndi lomwelo limene linalowetsa zokongoletsera. Poyamba amalonda anali kuzitenga ku South Africa, ku Zimbabwe, ku Dubai ndi ku msika wa Kariakoo mu Dar es Salaam. Kucokera m'zaka za m'ma 2000, katundu wa ku China ndiye anadzaza masitolo, cifukwa mafakitale a kumeneko amaumba zinthu zambirimbiri ndi cikombole cimodzi, ndipo cimodzi cimatuluka pa mtengo wotsika zedi.

Ulendo wa katundu

Dziko la Zambia lilibe nyanja yamcere, conco kontena iliyonse imatsikira pa doko la dziko lina. Yotsikira ku Dar es Salaam imalowera pa Nakonde ndi kuyenda makilomita pafupifupi 2,000 kuti ifike ku Lusaka. Yotsikira ku Durban imalowera pa Chirundu kapena pa mlatho wa Kazungula, umene unatsegulidwa mu May 2021. Palinso njira ya ku Beira, yodzera ku Tete ndi kulowera pa cipata ca Chanida, kumwera kwa Katete.

Njira yotsirizayi ili ndi cake codabwitsa. Lole yocokera ku Chanida ikafika pa Katete imalowa mumseu wa Great East, nidutsa pa mphambano ya Petauke ndi pakati pa Nyimba, koma siitsitsa kanthu. Kontena imakatsegulidwa ku Lusaka, kumene kuli eni ake ndi masitolo a maoda monga a ku Kamwala ndi a pa msika wa COMESA. Ndiye kuti wamalonda wa ku Petauke amakwera basi makilomita pafupifupi 400 kukagula katundu amene mwina anadutsa pakhomo pake masabata angapo apitawo, nkumubwezanso ndi mseu womwewo. Wa ku Nyimba ulendo wake ndi wofupikirako, koma nayenso amalipira basi popita ndi pobwera, ndi mtengo wa makatoni pamwamba.

Mseuwo unakonzedwanso kucokera pa mlatho wa Luangwa mpaka ku Mwami m'zaka za pakati pa 2013 ndi 2018, ndi thandizo la bungwe la European Union pamodzi ndi mabanki a citukuko, ndipo ici cinafupikitsa nthawi ya ulendo. Komabe dothi ndi dothi. Katoni ikaponyedwa molakwika pokweza kapena potsitsa, zina zimafika zitaduka mutu kapena citamba, ndipo zoterezo sizibwezedwa kwa mwini sitolo ya maoda. Wogulitsa amaika mtengo wa zosweka pa zimene zatsala zamphumphu. Ici ndi cifukwa cimodzi cimene cinthu cimodzimodzi cimakwerera mtengo ku Petauke kuposa ku Lusaka.

Msonkho ndi kwacha

Katundu amene wafika atamalizidwa kale kupanga nthawi zambiri amalipira msonkho wa pamalire wa 25 peresenti, pamene zipangizo za m'mafakitale zimalipira wocepa kapena osalipira konse. Pamwamba pake pamabwera msonkho wa VAT, umene unayamba mu 1995 ndipo unatsitsidwa kufika pa 16 peresenti mu 2008. VAT imawerengedwa pa mtengo wa katundu ataphatikizapo kale msonkho woyamba uja. Mwacitsanzo, katundu amene mtengo wake pamodzi ndi zolipira za sitima ndi inshuwalansi ndi K1,000, msonkho wa pamalire ukhala K250, VAT ikhala K200, ndipo zonse pamodzi zifika K1,450, lole isanalipidwe ndiponso wina aliyense asanaikepo phindu lake.

Ena amafunsa kuti, nanga si maiko a COMESA ndi SADC anacotserana misonkho? Ndi zoona. Mgwirizano wa malonda opanda msonkho wa COMESA unakhazikitsidwa ku Lusaka mu October 2000, ndipo wa SADC unayamba mu 2008. Koma mwayi umenewu ndi wa katundu wopangidwa m'maiko a m'mabungwewo, wokhala ndi umboni wa kumene anapangidwa. Kagalu koumbidwa ku Chaozhou sikasanduka ka ku Malawi cifukwa cakuti kagulidwa ku Lilongwe ndi kulowera pa Mwami.

Cacikulu pa zonse ndi kwacha, pakuti katunduyu amagulidwa ndi dola ya ku America. Pa 1 January 2013, pamene Bank of Zambia inacotsa maziro atatu pa ndalama yathu, dola imodzi inali kugulidwa ndi makwacha asanu ndi mangwee pang'ono. Mu 2015 mtengo wa mkuwa unagwa, magetsi anasowa, ndipo dola inapitirira K12. Mu November 2020 boma linalephera kulipira ngongole ya Eurobond, ndipo pofika pakati pa 2021 dola inali pamwamba pa K22, kukwera kwa mitengo ya zinthu kutafika pa 24.6 peresenti. M'nyengo yomweyo mliri wa COVID-19 unakweza kangapo mtengo wotumizira kontena pa sitima. Masankho a August 2021 atapita kwacha inalimba kufika pafupi ndi K16, kenaka inafookanso mpaka pafupi ndi K28 kuciyambi kwa 2025, isanayambe kulimbanso m'kati mwa caka cimeneco.

Kwacha ikagwa, mtengo wa pa sitolo umakwera msanga, cifukwa wamalonda amaganizira za ndalama imene adzafunike pokaodanso. Ikalimba, mtengo umatsika mocedwa, pakuti zimene zili pa shelefu zinagulidwa dola ili pamwamba, ndipo zokongoletsera zimatha kukhala miyezi zisanapeze wogula. Ogula amaona ngati akudyeredwa masuku pamutu. Nthawi zina zimakhaladi conco, koma kawirikawiri wogulitsa wamng'ono amangoteteza mpamba wake umene wagona pa shelefu.

Nthawi imene zimayenda malonda

Ndalama za ku Petauke ndi ku Nyimba zimacokera kumunda: cimanga, nshawa, thonje, soya, mpendadzuwa, ndi nthoci zimene Nyimba imadziwika nazo. Zokongoletsera zimagulidwa kwambiri anthu akagulitsa zokolola, nthawi imenenso maukwati ndi ma kitchen party amaculuka, ndiponso ca ku Khirisimasi. M'miyezi ya mvula, pamene ndalama zapita ku feteleza ndi ku sukulu, zimangodzaza fumbi. Dzinja la 2023 mpaka 2024 mvula inakana, ndipo pa 29 February 2024 mtsogoleri Hakainde Hichilema analengeza kuti cilalaco ndi tsoka la dziko lonse. M'caka cotero banja limayamba lagula unga, ndipo katundu wa mtundu uwu ndiye woyamba kuiwalidwa.

Nanga oumba a kwathu?

Dera lino silisowa dothi kapena manja odziwa kuumba. Katswiri wofukula zakale David Phillipson, amene anagwira nchito kum'mawa kuno ndi kusindikiza zimene anapeza mu 1976, anacha kaumbidwe ka kuno dzina la mtsinje wa Luangwa. Kaumbidwe kameneka kakhalapo zaka pafupifupi 1,000, ndipo ndi luso la amai, lopatsirana kucokera kwa agogo. Mitsuko, miphika ndi nkhali za Ansenga ndi Acewa ndi zocokera m'mwambo umenewo.

Cimene cimalekanitsa mphika wa kumudzi ndi kamphika ka m'sitolo ndi moto. Amai amawocha zoumba zao pa bwalo ndi nkhuni ndi makungwa, pa moto umene nthawi zambiri sufika madigiri 1,000, ndipo popanda uvuni wotseka utoto wonyezimira sungagwire bwino. Kwa mtsuko wa madzi ici ndi cabwino, pakuti dothi lopuma ndilo limaziziritsa madzi. Koma wofuna coika m'kabati amafuna conyezimira. Pamene zidebe za pulasitiki ndi mapoto zinalanda oumba msika wa kukhichini, msika wa pabalaza unatengedwa ndi katundu wakunja. Mafakitale akuluakulu a zadothi amene amangidwa ku Lusaka m'zaka zaposacedwapa, monga Marcopolo ndi Keda, maso ao ali pa matailosi a nyumba. Ku Malawi, Dedza Pottery, imene inayamba mu 1987, inasonyeza kuti dothi la kuno likapeza uvuni wabwino limatulutsa ziwiya ndi zokongoletsera zimene alendo amanyamula kupita nazo kwao, ngakhale kuti mtengo wake sungapikisane ndi wa zoumbidwa m'cikombole ku China.

Zoyenera kudziwa pogula

Si zonse zooneka ngati zadothi zimene zili zadothi. Zina ndi za pulasitala woyera, zina ndi za pulasitiki wolimba wopakidwa utoto. Za pulasitala zimakandika ndi cikhadabo kunsi kwake ndi kusiya ufa woyera, ndipo zimaonongeka zikanyowa. Cadothi ceniceni cimazizira ukacigwira, ndipo kunsi kwake kumakhala mzere wosapakidwa utoto pamene cinakhazikika mu uvuni. Ngati pocigogoda sicilira bwino, ndiye kuti mwina cili ndi mng'alu wobisika.

Mbale ndi timiphika topangidwira kukongoletsa sitiyenera kudyeramo kapena kusungiramo cakumwa. Utoto wa zina mwa izo umakhala ndi mtovu, umene umasungunukira m'zakudya zowawasa monga thobwa lowira kapena ndiwo za tomato, ndipo mtovu umaononga ubongo wa ana aang'ono.