Dolly Rathebe, katswiri wa zisudzo za pakanema wa ku Sophiatown

Dolly Rathebe anali woimba komanso wochita zisudzo za pakanema wa m'dziko la South Africa, ndipo amawerengedwa m'gulu la amayi achikuda oyamba kutchuka m'mafilimu m'chigawo chino cha kummwera kwa Africa. Iye anabadwira ku Randfontein pa 2 April 1928 ndipo anakulira ku Sophiatown, dera la mumzinda wa Johannesburg komwe anthu akuda ankaloledwa kukhala ndi malo awoawo.

Dzina lake linamveka m'chaka cha 1949 pamene anasankhidwa kuchita nawo filimu ya Jim Comes to Jo'burg, yomwe imadziwikanso kuti African Jim. Filimuyi inatsogoleredwa ndi Donald Swanson ndipo imafotokoza za mnyamata wakumudzi amene anapita ku Johannesburg kukafuna ntchito, n'kuberedwa atangofika, koma pamapeto pake anapeza mwayi chifukwa cha luso lake loimba. Daniel Adnewmah ndiye anali Jim, pomwe Rathebe anali woimba wa m'malo achisangalalo a usiku. Nkhani yotereyi sinali yachilendo kwa amuna a ku Nyasaland, omwe m'zaka zimenezo ankachoka m'maboma monga Lilongwe, Dedza ndi Mzimba kupita ku Joni, ena kudzera ku Wenela, ena paokha. Chimene chinali chatsopano n'chakuti anthu akuda anadziona okha pakanema atavala bwino, akuimba ndi kuvina mumzinda, osati ngati antchito a azungu okha.

M'chaka cha 1951 anachitanso filimu ina ya Swanson yotchedwa The Magic Garden. Magazini ya Drum, yomwe inayamba kutuluka chaka chomwecho, inathandiza kwambiri kufalitsa nkhope yake. Koma kutchukako sikunamuteteze ku malamulo a tsankho. Tsiku lina wojambula zithunzi wa magaziniyi, Jürgen Schadeberg, akumujambula pamulu wa mchenga wa kumigodi, apolisi anawagwira onse awiri powaganizira kuti aphwanya lamulo la Immorality Act, lomwe linkaletsa chiwerewere pakati pa mzungu ndi munthu wakuda. Kungopezeka pamodzi kunali kokwanira kuti apolisi awakayikire.

Mafilimu okhala ndi anthu akuda okhaokha sanapitirire kupangidwa mochuluka, choncho Rathebe anadalira kuimba. Analowa gulu la African Jazz and Variety la Alfred Herbert, ndipo pambuyo pake anaimba ndi gulu la Elite Swingsters. M'mwezi wa February 1955 boma linayamba kusamutsa anthu a ku Sophiatown mokakamiza kupita nawo ku Meadowlands, nyumba zawo n'kugwetsedwa, deralo n'kupatsidwa dzina lakuti Triomf. Malamulo a mapasi ndi oletsa anthu akuda kuyenda usiku anachepetsa malo oimbirako, ndipo anzake monga Miriam Makeba anathawira kunja. Rathebe sanachoke m'dzikomo. Anakakhala ku Cape Town komwe kwa zaka zingapo ankapeza ndalama poyendetsa shabini.

Wailesi yakanema inayamba mochedwa ku South Africa, m'chaka cha 1976, iye atatsala pang'ono kukwanitsa zaka 48. Kuno ku Malawi inayamba mu 1999. Zaka zimene akanachita zambiri pakanema zinali zitadutsa kale. Komabe anaonekanso mu filimu ya Mapantsula ya Oliver Schmitz mu 1988, komanso mu Cry, the Beloved Country mu 1995 pamodzi ndi James Earl Jones ndi Richard Harris.

Atakalamba anathandiza kumanga holo yochitiramo zinthu zosiyanasiyana yotchedwa Meriting kwaDolly pafupi ndi Klipgat, kumpoto kwa Pretoria. Analandira mphoto yolemekeza ntchito ya moyo wake wonse ku South African Music Awards mu 2001, ndipo mu 2004 boma la South Africa linamupatsa ulemu wa Order of Ikhamanga in Silver. Anamwalira pa 16 September 2004 atadwala matenda a sitiroko, ali ndi zaka 76.