Mayi Bela Duarte ndi nsalu ya ku Cabo Verde

Zilumba za Cabo Verde zinalibe munthu mpaka ca m'ma 1460, pamene Apwitikizi anafikako. Pambuyo pace anabwera ndi akapolo ocokera ku gombe la Guiné. Kusakanizana kwa anthu amenewa ndiko kunabala mtundu wa Akriolo, pamodzi ndi cinenero cao ca Kriolu.

Mwa akapolowo munali amisiri oomba nsalu. Thonje linali kulimidwa pa zilumba za Santiago ndi Fogo, utoto wobiriwira nkucokera ku citsamba ca anil. Mmisiri ankaomba kansalu kakang'ono m'mimba, ngati cikhato ndi theka, koma katali. Tisanu ndi kamodzi totere akatilumikiza, ndiye nsalu imodzi, imene eni ace amati panu di téra, ndiko kuti nsalu ya dziko.

Apa ndipo pali cowawa. Nsaluyo inasanduka ndalama pa gombe la Guiné, ndipo ogula anthu sankapita kutali popanda iyo. Kapolo ankaomba nsalu yokagulira kapolo mnzace! Inali ya mtengo kotero kuti mu 1687 boma la Portugal linaletsa kuigulitsa kwa alendo, wolakwa cilango cace imfa. Malonda a akapolo atatha, cilala cikubwerezabwereza, nsalu za ku fakitale zitacuruka, oomba anatsala owerengeka. Ifenso kuno tikuidziwa nkhaniyi: macira amene makolo ankaomba m'cigwa ca Zambezi, ndani lero angawaombe?

Cabo Verde inalandira ufulu pa 5 Julho 1975, patangopita masiku khumi ife titalandira wathu. Mayi Bela Duarte, obadwira pa cilumba ca São Vicente mu 1940, anali ataphunzira za luso ku Lisboa nabwerera kwao. Mu 1976 iwo pamodzi ndi a Manuel Figueira ndi a Luísa Queirós anayambitsa Cooperativa Resistência mu mzinda wa Mindelo, imene inabala Centro Nacional de Artesanato. Cimene ine ndiwatamira nco ici: sanadzione ngati odziwa kale poti anapita ku sukulu ya Azungu. Anafunafuna nkhalamba zimene zinali zikuombabe, monga Nhô Griga ndi Nhô Damásio, nakhala pansi kuphunzira kwa izo kupota thonje, kunika ulusi ndi kuwerenga mizere ya maluwa a pansalu. Kenaka anaphunzitsa anyamata ndi atsikana. Mayi Duarte anatenganso maluwa akalewo nkuwaika m'nsalu zao zopacika pakhoma ndi za batik.

Sikuti zonse zinabwerera mwakale ai. Ambiri ooomba masiku ano amagula ulusi wa m'sitolo. Koma pa Santiago, amai akamabvina batuku, wolowa m'bwalo amamangabe panu di téra m'ciuno.