Ndani Wamkulu? Mkangano wa Maudindo m'Boma Chitaganya Chitatha

Anzanga amene tinamwera limodzi phala la pa sukulu yathu, ambiri a ife tili m'boma, ndipo tikudziŵa phokoso limene limabuka nthambi ziŵiri zikaphatikizidwa: wina akuŵerenga zaka zimene wagwira ntchito, wina akuonetsa digiri yake, aliyense akuti wamkulu ndi iye. Mkangano umenewu ndi wakale kuposa ife, ndipo mu 1964 unagwedeza dziko lobadwa kumene.

Kuyambira 1953, ogwira ntchito za boma mu Nyasaland anali ndi mabwana aŵiri. Zipatala za boma, positi ofesi ndi kasitomu zinali m'manja mwa boma la Chitaganya ku Salisbury, pamene ofesi ya DC, apolisi ndi sukulu za anthu akuda zinali pansi pa Zomba. Choncho pa boma la Kota Kota, monga ankalembera masiku amenewo, wogwira ntchito kuchipatala ndi kalaliki wa kwa DC ankapemphana moto madzulo, koma malipiro ndi malamulo a ntchito zawo zinkachokera kosiyana. Chitaganya chitatha pa 31 December 1963, magulu aŵiriŵa anayenera kuloŵa m'khola limodzi. Funso linali lakuti zaka zimene munthu anagwirira Chitaganya, chinthu chimene anthu anachikana mpaka kukhetsa mwazi mu 1959, ziŵerengedwe motani poyerekeza ndi za mnzake wa ku Zomba.

Koma bala lenileni linali pamwamba. Maudindo akuluakulu anali ndi azungu. Amalaŵi ophunzira anali ochepa, ndipo ocheperawo anakhala zaka zambiri pansi pa anthu amene sanawapose maphunziro. Henry Masauko Chipembere, mwana wa wansembe wa Anglican, anabwera ndi digiri ya ku Fort Hare n'kupatsidwa udindo wa District Assistant, kuthandizira bwana DC; sanakhalitse, mu 1956 analoŵa m'nyumba ya malamulo. Ife a kunyanja timakumbukiranso kuti kunali kwathu kuno, pa msonkhano waukulu wa Malawi Congress Party wa mu 1960, kumene Dr. Banda anaonetsa kwa anthu a Chipembere ndi a Chisiza aŵiri aja atangotuluka m'ndende, ndipo iwo anasankhidwa kukhala mtsogoleri wa chipani wamuyaya. Makalaliki ndi aphunzitsi amene anaomba m'manja tsiku limenelo ankakhulupirira kuti ufulu ukabwera mipando ya azungu idzakhala yawo.

Sizinatero. Dr. Banda ananenetsa kuti sadzakweza munthu chifukwa cha khungu lake lokha, ndipo anasunga azungu m'maudindo. Pamwamba pa izi anavomereza lipoti la Skinner lonena za malipiro, limene Amalaŵi ogwira ntchito m'boma analiona ngati chipongwe: Mmalaŵi wokwezedwa kufika pa mpando wa mzungu sankalandira ngati mzunguyo, ndipo ambiri anaona kuti ndalama yopita nayo kunyumba yachepa. Ine ndimaona kuti mfundo ya Dr. Banda inali ndi nzeru zake, pakuti thumba la boma linkadalira thandizo la Britain. Cholakwika chinali kuuza anthu odikira kuti adikirebe, osawauza kuti mpaka liti.

Mu August 1964, ufulu wa pa 6 July usanathe ngakhale miyezi iŵiri, nduna zinapereka madandaulo awo: lipoti la Skinner, kuchedwa kokweza Amalaŵi, tiki imene odwala anayamba kulipira kuchipatala, ndi ubale wa dziko lino ndi Apwitikizi. Mu September Dr. Banda anachotsa Kanyama Chiume, Orton Chirwa, Augustine Bwanausi ndi mayi Rose Chibambo. Yatuta Chisiza, Willie Chokani ndi John Msonthi anatula pansi maudindo, ngakhale a Msonthi anabwerera pasanathe nthaŵi. A Chipembere anali ku Canada. Atafika, nawonso anatula.

Ku Zomba, kumene kunali likulu, ogwira ntchito m'boma ambiri anaima ndi nduna zija. Kumapeto kwa September anamenyana ndi achinyamata a chipani m'misewu, maofesi n'kuima. Mtengo wake unali woŵaŵa: ena anachotsedwa ntchito, ena anatsekeredwa popanda mlandu, ena anathaŵira ku Tanzania ndi ku Zambia, makamaka a Chipembere atalephera kulanda boma mu February 1965. Mipando imene anasiya inapita kwa ena, ndipo kuyambira pamenepo kukhulupirika ku chipani kunayamba kulemera kuposa zaka za ntchito kapena satifiketi. Amene tinapeza akuluakulu akale m'maofesi tikudziŵa mmene ankatsitsira mawu nkhani ya kukwezedwa ikayamba.

Mipando ya pamwamba inafika kwa Amalaŵi pang'onopang'ono, monga Dr. Banda anafunira. Bryan Roberts, Mngelezi, anakhalabe mlembi wamkulu wa Pulezidenti ndi nduna, ndiye kuti mkulu wa onse ogwira ntchito m'boma, mpaka 1972, patapita zaka 8 dziko litalandira ufulu.